Mzere wa Saladi ku Kabwata

Sitima ya ku Kabwe inafika mu Lusaka kutada kale. Mathias anatsika ndi sutikesi yake ya malata. Anayang'ana wotchi, napukusa mutu. Za kuchedwa kwa sitimayo anali atamufotokozera kondakitala kuyambira pa Chisamba, mpaka kondakitalayo anamupempha kuti atsike akakankhe.

Ku Kabwata anali asanapondeko. Mlongo wake wamkulu, Eness, anasamukirako chaka chathachi kuchokera ku Matero, ndipo Loweruka ankakwatitsa mwana wake Keziah. Malume sangasowe paukwati. Ndiye Mathias anapempha tchuthi, nabwera.

Ntchito yake inali yoyeza misewu. Anayezapo ku Mansa. Anayezapo ku Mongu, ku Solwezi, ku Kabwe. Sankakhalitsa pamalo. Kulikonse ankapezako chinthu chokhota, ndipo chinthu chokhota chinkamusowetsa mtendere. Chithunzi chikapendekeka pakhoma la eni ake, iye ankadzuka pakati pa pemphero la chakudya kukachiwongola.

Basi panalibe. Anayenda pansi, kudutsa Kamwala, kutsata msewu wa Burma. Magetsi a mumsewu anali atazima kalekale. Tochi anali nayo, koma zaka zimenezo mabatire ankasowa ngati sopo ndi shuga. Choncho ankayatsa pang'ono, n'kuloweza njira, n'kuzimitsa.

Pafupi ndi msika wa Kabwata chala chake chinagunda chinthu. Anagwa chafufumimba. Sutikesi inatsogola yokha.

Atayatsa tochi anaona njerwa. Pafupi ndi njerwa, mwala. Kenako chishalo cha njinga, chitini cha mkaka chodzaza mchenga, nsapato imodzi ya pulasitiki, chidutswa cha tayala, poto wobooka, miyala inanso yambiri. Zonsezi pakati penipeni pa njira ya anthu. Zinayambira pakhomo la sitolo ya boma, n'kukhota pa mtengo wa mango, n'kukathera ku ngalande.

"Lusaka," anatero Mathias, akusisita chala. "Likulu la dziko."

Wina akanatukwana n'kumapita. Mathias anaika sutikesi pambali, napinda manja a malaya. Miyala anaiunjika payokha, ikuluikulu pansi, ing'onoing'ono pamwamba. Zitini pazokha. Nsapato pazokha, zakumanzere uku, zakumanja uko. Mwala umodzi unakana kunyamuka, koma anaugwedeza ndi chidendene mpaka unalola. Pomaliza anathyola nthambi, nasesa fumbi lonse kuti pasalale. Anaunikapo tochi kamodzi. Mtima unakhala pansi.

Nyumba ya mlongo wake sinavute kupeza. Mlamu wake Fabian anali wolemba zikwangwani za m'mabala ndi m'mabutchala, ndipo pachitseko chake anajambulapo mkango. Mkangowo unali ndi nkhope ya mbuzi. Miyendo inali isanu.

"Amake Keziah," anaitana Fabian atatsegula, "bisani vonse vokhota, boma yafika."

"Mkango uli ndi miyendo inayi, mulamu."

"Uyu athamanga."

Eness anamulandira sutikesi, namukhazika pampando. Anamuikira mbatata yophika ndi repu wowiritsa m'madzi okha.

"Usaone monga nakuchepetsa," anatero. "Saladi tinaiona pa Isitala. Kuchokela apo, mphika wanga uona chabe madzi na mchele. Koma mailo, kukangocha, ibwela. Ba Ezekiel, alonda a masana pa sitolo, anamvela kwa dalaiva mwini wake."

Mafuta ophikirawo ndiwo anamugoneka Eness maso ali gwa mwezi wonse. Akuchimuna ankakhala ku Woodlands, m'nyumba ya mpanda wa maluwa, kumene galu amadyera m'mbale yakeyake. Eness analumbira kuti anthu amenewo sadzadya nkhuku yowiritsa paukwati wa mwana wake, n'kumakaseka m'galimoto pobwerera. Nkhuku zinalipo kuseri. Fulawa wa zitumbuwa analipo. Chosowa chinali saladi basi.

"Ndiye mulawirira ku mzere," anatero Mathias.

"Pa laini tilipo kale. Poto wanga alipo kuchokela masana."

Mathias anasiya kutafuna.

"Poto?"

"Wobooka uja wa amama. Iwe uganiza munthu angaime padzuwa tsiku lonse, usiku nawonso? Tili na nchito. Aliyense aika chinthu chake, ndiye malo yake. Njelwa ni ba Peggy. Tayala ni ba Chibesa. Nsapato ya pulasitiki ni Febby, nesi wa ku kiliniki. Tonse tidziwana." Anamuwonjezera mbatata. "Saladi imathela pa mtengo wa mango, nthawi zonse. Ukakhala kumbuyo kwa mtengo, ubwelela na botolo yako mwamene unabwelela nayo. Ine nili kutsogolo. Atate ake Keziah ndiye ananiikila."

"Kutsogolo kwenikweni," anatero Fabian, akuyang'ana kudenga.

Mathias anakankhira mbale pambali. Asanafikire kapu ya madzi, kunja kunalira wezulo.

Sekishoni yonse, anthu onse a m'deralo, inasonkhana pasitolo ndi nyali za koloboyi. Pakati panaima ba Peggy, mtsogoleri wa amayi a Chipani m'deralo, chitenge cha Chipani m'chiuno, wezulo m'khosi. Anaunika mulu wa miyala. Anaunika zitini. Anaunika fumbi losesedwa bwino lija.

"Iyi ni nchito ya adani a dziko," anatero. "Onani mwamene aikila. Ikulu pansi, ing'ono pamwamba. Munthu wamba sangachite so. Uyu anaphunzitsiwa kunja."

Eness anayang'ana nsapato, zakumanzere uku, zakumanja uko. Kenako anayang'ana mlongo wake. Anamulera yekha. Ankamukumbukira mwana amene ankasankha nyemba m'mbale, zofiira mbali ino, zoyera mbali inayo, mpaka ndiwo kuzizira.

"Mathias," anatero chapansipansi. "Mulungu akukhululukile. Ine nikali kuganizapo."

Fabian anaona nkhope za awiriwo, namvetsa. Anatuluka kutsogolo manja ali m'mwamba.

"Ba cheyaledi, adani kulibe. Ine ninaona na maso yanga. Kavuluvulu. Anachokela ku Libala, wamtali monga nyumba za mu Cairo Road. Ananyamula vonse, anavizungulutsa, anaviika pansi bwinobwino. Mkati munali monga munthu, wovala jekete."

Amayi ena analemba chizindikiro cha mtanda. Wina anati naye anamva mphepo yachilendo akuanula zovala. Nkhani inayamba kugwira. Mathias anangoyenera kukhala chete. Analuma mlomo. Anayang'ana nyenyezi. Zinakanika.

"Kamvuluvulu sangasanje miyala," anatero. "Mphepo imataya zopepuka patali, zolemera pafupi. Ndiponso madzulo ano kunalibe mphepo. Ndachotsa ndine. Zinali panjira."

Fabian anatsitsa manja pang'onopang'ono.

Woyamba kuseka anali ba Chibesa, Mbemba wogulitsa makala, mwini tayala.

"Ni wa kuti uyu?"

"Mlongo wa amake Keziah."

"Nanga. A kum'mawa. Mbewa zija mudya zimakwela ku mutu."

"Odya anyani akhale chete," anatero Eness, koma mawu ake analibe mphamvu.

Ba Peggy anamuunika Mathias kuyambira kunsapato mpaka kutsitsi.

"Mlendo sitingamumenye," anagamula. "Koma mlendo ali na mwini wake. Laini ibwelele mwamene inalili, tonse tivomele. Ikakanga, poto wa amake Keziah apita ku ngalande, kumbuyo kwa onse. Mailo na masiku yonse."

"Ndi chapafupi," anatero Mathias. Anagwada kuti aone zizindikiro za zinthuzo m'fumbi. Fumbi linali losalala ngati tebulo. Anasesa bwino kwambiri.

Anadzuka, nakonza kolala.

"Chabwino. Aliyense atenge chinthu chake. Aliyense akaime kumbuyo kwa amene anali patsogolo pake."

Onse anakaima kumbuyo kwa ba Peggy. Sekishoni yonse, mulu umodzi, zigongono m'nthiti, zitini kugundana. Ba Peggy anapanikizidwa pachitseko cha sitolo mpaka wezulo kulira yekha.

"Sizingatheke," anatero Mathias. "Kumbuyo kwa munthu mmodzi kumaima munthu mmodzi."

"Ba Peggy ni akulu thupi," anayankha wina mumdima. "Kumbuyo kwao tikwana ambili."

Mathias anasintha funso. Anati aliyense atchule amene anabwera pambuyo pake, ndipo wotchulidwayo amugwire phewa. Apa anthu anayankha mokondwa. Ba Chibesa anati pambuyo pawo panabwera Febby. Febby anati pambuyo pake panabwera amayi abusa. Amayi abusa, Baibulo lili m'khwapa, anati pambuyo pawo panabwera ba Chibesa. Ena onse analowerera pakati, aliyense dzanja paphewa la mnzake. Mathias atakweza tochi anapeza mzere wazungulira mtengo wa mango, mutu wagwira mchira. Wotsogolera panalibe. Womaliza panalibe. Wina anasuntha phazi, onse anasuntha. Wina anayambitsa nyimbo ya kwaya. Anayamba kuzungulira mtengo, ena akugwedeza ndi chiuno chomwe.

Mathias anaima pakati ngati mzati.

"Pali amene akunama," anatero.

"Tonse, mwaiche, mwana iwe," anayankha ba Chibesa podutsa. Atazungulira n'kumupezanso anawonjezera kuti, "Ni saladi iyi."

Fabian anakwera pakhonde la sitolo, naomba m'manja.

"Lekani mulamu wanga apumule, mutu wake watentha. Nikukumbutseni ine mwamene tsiku inayendela."

Anthu anakhala pansi. Fabian ankatha kukamba nkhani, zimenezo ngakhale amene ankamuda sankatsutsa. Anayamba ndi dzuwa, mmene linatulukira kuseri kwa mafulati. Woyamba kufika anali ba Peggy, akuyenda ngati ndege ikutera. Kenako woyamba kufika anali amayi abusa. Kenako woyambanso anali Febby. Fabian sankatha kukhumudwitsa munthu amene akumumvetsera. Aliyense amene anamuyang'ana m'maso anafika poyamba. Ngakhale ba Jonas, amene anasamukira ku Kitwe kalekale, anapatsidwa malo abwino pamthunzi.

Anthu anaseka mpaka kupukuta misozi. Mzere panalibe. Eness anakhala pa mulu wa miyala, nadzifunditsa chitenge kumutu.

"Ndiye ba Chibesa," anapitiriza Fabian, "anabwela othamanga, tayala pa mutu, chifukwa akazi ao anawapitikitsa na mthiko pa nkhani ya mai uja wa ku Chilenje."

"Boza," anatero ba Chibesa, nadzuka. "Akazi anga ali ku Kasama, funsani aliyense. Ine ninali ku sitesheni kulandila makala. Kufika kuno Febby apita kale ku nchito. Nsapato yake ninaipeza pansi, ninaiponda na kuiponda."

Makutu a Mathias anaima. Ndiye kuti Febby anafika ba Chibesa asanafike. Mwini wake wanena, popanda womufunsa. Mathias anatola nsapato ya pulasitiki ndi tayala, naika nsapato patsogolo, tayala pambuyo. Anaima kaye, akuganiza. Munthu ukamufunsa za malo ake, amanama. Ukamunamizira za mkazi wa ku Chilenje, amalumbira zoona, n'kutchula ndi mboni zomwe.

Anapita pakhonde, nakoka Fabian buluku.

"Mulamu, pitirizani kunama."

"Iwe ndiwe ukamba so?"

"Koma muzinamizira amene ndikuuzeni. Tsopano ba Ezekiel."

Fabian anamuyang'ana mlamu wake ngati akumuona koyamba. Kenako anatembenukira kwa anthu.

"Ba Ezekiel ndiye anamaliza kufika. Chishalo cha njinga kumanja, botolo ya kachasu m'thumba, aimba nyimbo zamene siningabweleze pamaso pa amai abusa."

Ba Ezekiel anali mkulu wa mpingo wa Sabata. Ngakhale tiyi sankamwa. Anaimirira msangamsanga.

"Ine kachasu? Belu ya Akatolika ya masana inalila nili pano, chishalo naika kale. Panali chabe njelwa ya ba Peggy na mwala uja. Amai abusa ananipeza, ninawabweleka na ambulela."

Mathias ananyamula chishalo, nakachiika pafupi ndi khomo. Chitini cha amayi abusa pambuyo pake.

Zinayenda choncho. Mathias ankanong'oneza dzina, Fabian ankalipachika mlandu. Uyu anaba nkhuku. Uyu anavala wigi ya mnzake. Uyu anaoneka ku Kabulonga akugogoda pageti la mzungu. Aliyense ankalumpha kudziyeretsa, n'kunena kumene anali, chimene anavala, amene anamupeza ndi amene anamusiya. Awiri akatsutsana, Mathias ankanong'onezanso, Fabian n'kuwapangira chibwenzi, ndipo onse awiri ankafotokoza msangamsanga kuti sanaonane n'komwe, chifukwa wina anachoka mnzake asanafike. Mathias ankangoyendayenda mumdima, chitini m'manja, mwala m'khwapa. Palibe ankamuyang'ana. Mzere unayamba kumera, kuchokera pakhomo, kulunjika ku mtengo.

Za poto palibe anatchula. Mathias anadikira. Masana onse anatha m'nkhani za anthu, poto osaoneka. Pomaliza anafunsa yekha.

"Poto?" anatero ba Chibesa. "Ine poika tayala, poto kunalibe. Poto anali pa mutu wa Fabian ku tavani. Anavala monga chipewa cha msilikali, akamba mwamene anagwetsela ndeke ya adani na legeni. Anabwela nayo kuno dzuwa yapendeka."

Angapo anavomereza. Nkhani ya ndegeyo anaimva, inali yabwino.

Mathias ananyamula poto. Anadutsa njerwa, chishalo, zitini, nsapato. Anadutsa tayala, limene linagona pamizu ya mango. Anaika poto kuseri kwa mtengo.

Eness anavundukula chitenge.

"Mathias. Ndine mlongo wako. Ninakusambika ine."

"Ndikudziwa, asisi."

"Sendeza chabe pang'ono."

"Anali pamenepa."

Anafunadi kumusuntha. Manja anakana.

Eness anatembenukira pakhonde. "Atate ake Keziah, tizakamba ku nyumba."

"Ni nkhani yaitali, amake Keziah."

"Zanu zonse ni zazitali."

Ba Peggy anayenda ndi nyali kuchokera pakhomo mpaka ku ngalande. Anthu anamutsatira, aliyense kuyang'ana chake ndi cha mnzake. Ena anang'ung'udza, koma wotsutsa panalibe. Mzere unali womwewo. Poto anapulumuka ku ngalande, koma kuseri kwa mtengo ndi ku ngalande, kwa munthu wofuna saladi, n'chimodzimodzi.

Pamalo pamene panali mulu panatsala mwala umodzi, waukulu, wosalala pamwamba.

"Uwu ngwa ndani?" anafunsa Mathias.

"Uyo tiudziwa," anatero ba Peggy. "Umakhala kumbuyo kwa njelwa yanga. Laini iliyonse, ya sopo, ya shuga, ya unga. Sumachedwa."

"Mwini wake ndani?"

"Bwana wina wa ku Kabulonga. Amatuma kuku wake, wowaphikila."

"Iyayi," anatero Febby, "ni wa mkulu wa apolisi."

"Ine ninamvela ati ni wa ku ofesi ya Chipani," anatero amayi abusa.

"Alipo anamuonapo?"

Anayang'anana.

"Nanga nthawi yake yogula ikafika?"

"Timayembekezako pang'ono, mwaulemu," anatero ba Peggy. "Ndiye tipitiliza. Anthu akulu amatangwanika."

Mathias anagubuduza mwalawo. Kunsi kwake kunali dothi lonyowa, timizu, ndi chiswe chikuthawa kuwala. Anakumbukira kuti ndi womwe uja unakana kunyamuka. Anaunika pafupi ndi njerwa. Panali dzenje, lakuya ndithu, ndipo nthambi yake sinathe kulikwirira. Anaika mwala m'dzenjemo. Unalowa ndendende.

"Mwala uwu sunaikidwe ndi munthu," anatero. "Ngwa pansi pano. Unalipo sitolo isanamangidwe."

Anthu anawerama kuyang'ana mwalawo.

"Ine nimauvulila chipewa," anatero ba Ezekiel.

"Izi zisamveke ku Chilenje," anatero ba Peggy. "Wamene azakamba, nizamudziwa."

Fabian anatsika pakhonde. Anazula mwala m'dzenje, naufungata ngati khanda.

"Ba cheyaledi, mwala uyu ni membala wa sekishoni. Zaka zonse izi pa laini, mvula, dzuwa. Sunatukwanepo munthu. Sunalumphepo mnzake. Saladi sunalaweko olo kamodzi. Manje wapuma nchito. Malo yake titaye chabe? Pa Chibelu, Loweruka lino, Keziah akwatiwa, mwana wa sekishoni ino. Mphatso munagula?"

Anthu anayang'ana zala za kumapazi. M'masitolo munali mashelefu okhaokha ndi mapaketi a mchere. Palibe anali atagula kanthu.

"Mupatseni malo ya mwala. Ndiye mphatso. Palibe azasendela kumbuyo olo pang'ono."

Mawu ovomereza anayenda m'gulu. Amayi abusa anati ndi maganizo achikhristu. Eness anadzuka pamene anakhala, nkhope ikuwala. Mathias anamva chinthu chikukwera pakhosi ngati kuyetsemula. Anayesa kuchimeza.

"Pali cholakwika," anatero.

Eness anatseka maso.

"Mwala sunkagula. Poto adzagula. Botolo limodzi lidzachepa, ndipo womaliza pa mtengo adzabwerera chimanjamanja. Womalizayo ndi ba Chibesa."

"Uyu mlendo nayamba kumukonda," anatero ba Chibesa.

"Amama anakubala tsiku lanji kansi iwe?" anatero Eness.

Mathias anali akuyang'ana tayala, poto, mtengo. Masamu anali oona, sakanawabweza. Koma kwa nthawi yoyamba usiku umenewo anafuna kuti masamuwo akhale ndi khomo lotulukira. Anatembenukira kwa mwini tayala.

"Ba Chibesa, akazi anu ali ku Kasama. Saladiyo mukaphikira chiyani?"

"Kuphika? Ine? Nimasunga chabe. Mwamuna afunika kukhala na saladi mu nyumba."

Mathias anayang'ana Fabian. Fabian anali atagwira kale.

"Ndiye muzaidyela mu nkhuku," anatero. "Yokazinga kale, pa tebulo yapamwamba, pafupi na a ku Woodlands. Foloko kumanja. Botolo yanu muzapita nayo m'mimba."

Ba Chibesa anakanda chibwano.

"Ntchafu ziwili. Chiwindi. Na vitumbuwa vopita navo ku nyumba."

"Ntchafu imodzi," anatero Eness.

"Ziwili. Na mbewa nisaione pa tebulo."

"Ziwili. Koma anyani tilibe, mubwele nao mweka."

Ba Peggy anaimba wezulo, mlandu unatha. Anati mphatsoyo ndi ya sekishoni yonse, ndipo adzailengeza yekha paukwati, akuchimuna amve mmene anthu a ku Kabwata amagwirizanira. Eness anatenga poto ndi manja ake, osalola mlongo wake kapena mwamuna wake kumukhudza, nakamukhazika m'dzenje kumbuyo kwa njerwa. Mwala ba Ezekiel anaupempha. Anakauika pakhonde, pamalo ouma.

Kunja kusanayere bwino Eness anagwedeza Mathias phewa. Anali atavala kale, botolo lalikulu lili m'khwapa.

"Uka. Lole yafika. Ndiponso ati ku Chelstone kwabwela shuga. Kuja poto wathu samudziwa, kufunika munthu."

"Ndipita, asisi."

"Mupite awili na mulamu wako. Iwe weka uzasesa laini ya eni ake. Uyu yekha azathela ku tavani. Ukafika uime pamene akuimika. Usagwile chinthu."

Fabian anatuluka kuchipinda maso ali ofiira. Nkhani ya kunyumba ija inaoneka kuti inakambidwa, ndipo wokamba sanali iye.

Podutsa pasitolo anapeza miyala ndi zitini zasanduka anthu, aliyense waima pa chake, mabulangete kumapewa. Lole inali itaima chafutambuyo pakhomo. Makatoni amene ankatsitsa anali ndi madontho a mafuta m'makona. Eness anakaima kumbuyo kwa ba Peggy, phazi limodzi m'dzenje, botolo pachifuwa. Sanawayang'anenso.

Basi ya m'tauni inafika yodzaza, anthu akulendewera pakhomo. Fabian anakankha njira ndi phewa.

"Sendelani, sendelani. Aba ni ba insipekita wa malaini. Boma yawatuma ku Chelstone."

Kondakitala anatsitsa mnyamata wina pampando wakutsogolo, naupukuta ndi chipewa chake. Mathias anatsegula pakamwa. Ofesi yotero kulibe, ankadziwa bwino. Anayang'ana anthu olendewera pakhomo. Anayang'ana mpando. Anatseka pakamwa, nakhala, nakweza kolala ya jekete mmene amachitira anthu a boma. Basi inanyamuka.